David Davis: jaji amene anakaniza khothi la asilikali, koma n'kuzemba mlandu wa chisankho

Bambo Mbewe:
Moni nonse apagulu. Lero ndabweretsa jaji wa ku America dzina lake David Davis. Ambiri simunamumvepo, komatu popanda bambo ameneyu n'kutheka kuti Abraham Lincoln sakanalowa ku White House. Anabadwa pa 9 Malichi 1815 ku Cecil County m'chigawo cha Maryland, bambo ake atamwalira kale iye ali m'mimba. Kwawo kunali kosunga akapolo. Anamaliza maphunziro ku Kenyon College ku Ohio mu 1832 ali ndi zaka 17 zokha, n'kukaphunzira zamalamulo ku Massachusetts ndi ku New Haven. Mu 1835 analowera ku Illinois, ndipo chaka chotsatira anakhazikika m'tauni ya Bloomington. Mu 1844 anasankhidwa kukhala phungu wa nyumba ya malamulo ya Illinois, mu 1848 anthu anamuvotera ujaji, mu 1862 anakwera ku khothi la Supreme, ndipo mu 1877 anasiya ujaji n'kupita ku Seneti. Funso langa ndi ili: munthu amene analimba mtima mu 1866 n'kugamula motsutsana ndi zimene boma la mnzake wapamtima linachita, zinatheka bwanji kuti mu 1877, dziko likumudalira iye yekha, akane ntchito?

Tiyamike:
Zikomo bambo. Ife kusukulu ya zamalamulo dzinali timangolimva pa mlandu wa Milligan basi. Ndi Lincoln anadziwana bwanji?

Mayi Nachisale:
Limenelo ndiyankhe ine mwanawe, popeza ndimakhala konkuno ku Illinois, ndipo kunyumba kwake ndinafikako. Nthawi imeneyo khothi silinkadikira anthu pamalo amodzi, linkayenda. Dera limene Davis ankaweruza linafika pokhala ndi maboma ang'onoang'ono 14. Kawiri pachaka, jaji ndi maloya ankanyamuka limodzi ulendo wa miyezi pafupifupi itatu, makilomita oposa 600, n'kumakhala masiku angapo pa boma lililonse kumva milandu ya malire a minda, ngongole, nkhumba zobedwa, kunyozana, mpaka ya kupha. Misewu inali matope okhaokha, mitsinje yambiri yopanda milatho. Davis anali chimunthu, makilogalamu oposa 130, moti ngolo yake inkakokedwa ndi mahatchi awiri. M'nyumba zogona alendo maloya ankagona awiriawiri pabedi limodzi, iye yekha ndiye ankapatsidwa lakelake. Madzulo onse ankasonkhana kuchipinda kwake kumacheza, Lincoln akusimba nthano zake. Maloya ena ankabwerera kwawo pakati pa ulendo, koma Lincoln nthawi zambiri ankazungulira dera lonse, n'chifukwa chake awiriwa anadziwana mpaka kumtima. Davis akachokapo pang'ono, nthawi zina ankasiyira Lincoln mpando kuti amve timilandu ting'onoting'ono.

Achimwene a ku Joni:
Amayi, zimenezo ndiye zolakwika poyera. Loya woyimira anthu m'khothi lomwelo n'kukhalanso pampando wa jaji? Nanga munthu amene loya wake sanali wa m'gulu la macheza a madzulowo, chilungamo ankachipeza?

Mayi Nachisale:
Mwafunsa bwino achimwene. Lamulo silinkalola zimenezo, zinkangochitika mbali zonse zikavomera. Ndipo n'zoona kuti Davis anali ndi anthu ake okondedwa. Amene sanamukonde ankamutsekera kunja kwa macheza. Komabe anthu a m'deralo anamuvoteranso kawiri, mu 1855 ndi mu 1861, ndiye kuti ambiri ankakhutira ndi kaweruzidwe kake.

Bambo Mbewe:
Ubwenzi umenewo ndi umene unabala zipatso mu Meyi 1860 ku Chicago. Chipani cha Republican chinkasankha woti achiyimire pa upulezidenti, ndipo aliyense ankadziwa kuti apambana ndi William Seward wa ku New York. Davis anatseka khothi lake, n'kukachita lendi zipinda ku hotela ya Tremont House, n'kusonkhanitsa maloya anzake a m'dera lija. Njira yake inali yosavuta kuimva: osanyoza munthu aliyense, koma kuuza nthumwi za chigawo chilichonse kuti munthu wanu akalephera, wachiwiri akhale Lincoln. Anasakasaka nthumwi za Indiana ndi Pennsylvania usiku wonse. Lincoln, ali kwawo ku Springfield, anatumiza uthenga woti asapange mapangano omumanga manja. Mavoti ataponyedwa kachitatu, Lincoln anapambana. Pambuyo pake Simon Cameron wa ku Pennsylvania anapatsidwa unduna wa zankhondo, Caleb Smith wa ku Indiana unduna wa zam'dziko, ndipo mpaka lero akatswiri a mbiri amakangana ngati Davis anawalonjeza mipandoyo kapena anangowapatsa chiyembekezo.

Achimwene a ku Joni:
Ndiye taonani. Jaji ali pampando akuyendetsa kampeni ya chipani, kenako mnzakeyo atapambana n'kumupatsa mpando ku Supreme mu 1862. Limeneli ndi dzanja kusamba linzake. Ine ulemu wanga pa munthuyu wayamba kale kuchepa.

Tiyamike:
Achimwene, dikirani mumve za Milligan kaye, chifukwa pamenepo m'pamene pali nkhani. Lambdin Milligan anali loya wa ku Huntington m'chigawo cha Indiana, wodana kwambiri ndi Lincoln komanso nkhondo yolimbana ndi zigawo zakumwera. Mu Okutobala 1864 asilikali anakamugwira kunyumba kwake. Ankamuganizira kuti iye ndi anzake a gulu lachinsinsi akukonza zolanda zida za boma ndi kumasula akaidi a nkhondo a kumwera. Sanamutengere kukhothi wamba ayi. Anamuzenga mlandu pamaso pa akuluakulu a asilikali ku Indianapolis, n'kumugamula kuti anyongedwe. Tsiku linaikidwa, 19 Meyi 1865. Lincoln anali ataphedwa kale mu Epulo, ndipo Andrew Johnson, pulezidenti amene analowa m'malo mwake, ndi amene anasintha chilangocho kukhala ndende moyo wonse.

Mfundo ya maloya ake inali imodzi. Ku Indiana kunalibe nkhondo. Makhothi a boma anali otsegula, majaji akugwira ntchito tsiku ndi tsiku. Milligan sanali msilikali, sanali mkaidi wa nkhondo, sanakhalepo m'chigawo chogalukira. Nanga asilikali mphamvu yomuweruza anaitenga kuti? Pa maloya omuyimira panali James Garfield, amene anadzakhala pulezidenti. Khothi linalengeza chigamulo pa 3 Epulo 1866, ndipo zifukwa zake, zolembedwa ndi Davis, zinatuluka mu Disembala chaka chomwecho. Analemba kuti malamulo aakulu a dziko la United States ndi lamulo kwa olamulira ndi olamulidwa omwe, pankhondo ndi pamtendere chimodzimodzi, ndipo chishango chake chimaphimba anthu a mtundu uliwonse, nthawi zonse, zivute zitani. Anatinso palibe chiphunzitso choopsa kuposa chakuti malamulowo angaikidwe pambali boma likapanikizika.

Tsono kumbukirani kuti makhothi a asilikaliwa anawaloleza ndi Lincoln mwini wake, mu chilengezo cha Sepitembala 1862. Munthu amene anamupatsa mpando, amene ankadya naye mbale imodzi zaka zonse zija, anali asanathe ndi chaka chimodzi m'manda pamene chigamulo chinkalengezedwa. Davis nthawi yomweyo ndi amene ankasamala chuma chake chamasiye. Koma analemba kuti boma la mnzakeyo linalakwa. Kwa ine chimenecho si chinthu chaching'ono.

Gogo Kamanga:
Mdzukulu wanga, mawu akuti makhothi anali otsegula andifika pamtima. Ife tinaona zofanana nazo ndi maso athu. Orton Chirwa, loya woyamba wachikuda m'dziko muno, nduna yoyamba ya zachilungamo, anagwidwa pamodzi ndi mayi Vera mu Disembala 1981. High Court ku Blantyre inali yotsegula, majaji ophunzira analipo. Koma mlandu wawo woukira boma anautengera ku khothi lamiyambo la chigawo cha kumwera, kumene woimbidwa mlandu sankaloledwa kukhala ndi loya. Mu Meyi 1983 anawagamula kuti aphedwe, kenako chilango chinasinthidwa kukhala ndende moyo wonse. Bambo Chirwa anafera m'ndende ya Zomba mu Okutobala 1992, mayi anatuluka mu Januwale 1993. Boma likafuna mutu wa munthu limayamba lamusankhira bwalo. N'chifukwa chake ine jaji amene anati bwalo lapadera ayi pomwe bwalo lenileni lilipo, ndimamuvulira chipewa, kaya anali ndi zofooka zotani.

Mayi Nachisale:
Zikomo agogo. Zimenezo achinyamata ambiri sakuzidziwa.

Aphunzitsi Banda:
Ndikugwirizana nanu agogo, koma pali mbali ina yowawa imene tisaibise. Funsani kuti mu 1866 amene anasangalala ndi chigamulochi anali ndani. Anali azungu a kumwera amene anali atangogonja pankhondo. Kumeneko akapolo pafupifupi mamiliyoni anayi anali atangomasulidwa, ndipo makhothi wamba anali m'manja mwa eni akapolo akale. Mzungu akapha munthu wakuda, azungu anzake okhala pa mlanduwo ankangomumasula. Ku Memphis mu Meyi 1866 anthu akuda 46 anaphedwa, matchalitchi ndi sukulu zawo n'kutenthedwa, ndipo palibe anazengedwa mlandu. Chitetezo chokha chimene anthu akuda anali nacho chinali asilikali a boma ndi makhothi awo. Ndiye Davis akuti asilikali asaweruze anthu wamba kumene makhothi ali otsegula. Nanga khothi lotsegula koma lotsekera munthu wakuda, ndi lotsegula? Thaddeus Stevens, phungu amene ankamenyera ufulu wa akapolo omasulidwa, anati chigamulochi ndi choopsa kuposa cha mlandu wa Dred Scott, chimene chinati munthu wakuda sangakhale nzika ya America. Ndipo dziwani kuti majaji onse asanu ndi anayi anavomereza kuti Milligan amasulidwe, koma anayi, motsogozedwa ndi jaji wamkulu Salmon Chase, anakana mfundo ya Davis yakuti ngakhale nyumba ya malamulo ilibe mphamvu yokhazikitsa makhothi otere. Davis anapitirira pamene mlandu unkafunika kuthera.

Tiyamike:
Aphunzitsi, mfundo yanu ndi yolemera. Koma mankhwala a khothi lokondera ndi kukonza khothilo, kuika anthu akuda pakati pa oweruza, kutengera milandu ku makhothi a boma lalikulu. Zimenezo zinadzachitikadi mu 1871, pamene mamembala a Ku Klux Klan, gulu la azungu lozunza ndi kupha anthu akuda, anazengedwa milandu ku South Carolina m'makhothi a boma lalikulu. Mphamvu imene mwapatsa msilikali lero kuti ateteze wofooka, mawa ili m'manja mwa wina amene adzaigwiritsa ntchito pa wofooka yemweyo.

Aphunzitsi Banda:
Mu 1871, inde. Amene anaphedwa pakati pa 1866 ndi 1871 sanadikire nawo. Komanso Davis mwini wake sanali munthu wotentha mtima pa nkhani ya ukapolo. Ankadana ndi anthu omenyera kuti ukapolo uthe msangamsanga, ankawaona ngati osokoneza. Ndiye sindikhulupirira kuti polemba chigamulo chija anagona usiku akuganizira za munthu wakuda wa ku Memphis.

Achimwene a ku Joni:
Nanga Milligan zinamuthera bwanji?

Tiyamike:
Anatuluka m'ndende ya ku Columbus, Ohio, mu Epulo 1866. Kenako anasumira amene anamumanga aja kufuna chipukuta misozi. Boma linalemba Benjamin Harrison, amenenso anadzakhala pulezidenti, kuti awayimire. Mu 1871 khothi linavomera kuti anamangidwa mosatsata malamulo, koma linamupatsa madola 5 okha. Chigamulo cha Davis chokha chinakhalabe ndi moyo. Mu 1942 khothi la Supreme linachichepetsa mphamvu pa mlandu wa anthu asanu ndi atatu otumidwa ndi Germany kudzaphwanya zinthu ku America, ndipo chinatchulidwanso kwambiri pa milandu ya akaidi a ku Guantanamo.

Nabanda:
Ine ndikufuna za chuma chamasiye zija mwangodutsa pamwambazi. Mkazi wa Lincoln anamusamala bwanji? Chifukwa abwenzi a malemu timawadziwa.

Mayi Nachisale:
Achemwali, pa ndalama anagwira ntchito yoyera. Lincoln, loya wathunthu, anamwalira wopanda wilo. Mwana wake Robert ndi amene anaitana Davis kuti abwere adzayendetse zinthu. Chuma chinali madola pafupifupi 83,000, ndipo pogawa mu 1867 chinali chitakwera kupitirira 110,000. Anachigawa patatu: mayi Mary, Robert ndi mng'ono wake Tad. Koma iye ndi mayiwo sankamwerana madzi. Mary ankadandaula kuti ndalama zikuchedwa pomwe iye ali ndi ngongole. Ndipo mu 1875 Davis anali mmodzi mwa amene analangiza Robert kuti atengere mayi ake kukhothi kuti agamulidwe kuti mutu sukuyenda bwino. Mayiwo anauzidwa za mlanduwo tsiku lomwelo, n'kutumizidwa ku chipatala cha ku Batavia. Chaka chotsatira khothi linagamula kuti ali bwinobwino.

Nabanda:
Apo ndiye pandipweteka. Munthu amene analemba kuti aliyense aweruzidwe mwachilungamo ngakhale pankhondo, n'kulola mayi wamasiye, amene mwamuna wake anawomberedwa ali pambali pake, amene anaika m'manda ana atatu, atengeredwe kukhothi osapatsidwa ndi tsiku limodzi lokonzekera. Chishango chija mayiyu sichinamuphimbe.

Bambo Mbewe:
Zoona mayi. Tsopano tifike pa funso langa lija. Chisankho cha Novembala 1876: Samuel Tilden wa Democrat anapeza mavoti 184 a nthumwi za zigawo zosankha pulezidenti, Rutherford Hayes wa Republican 165, ndipo ofunika kuti munthu apambane anali 185. Mavoti 20 anali pa mkangano: a Florida, Louisiana, South Carolina, ndi limodzi la Oregon. Mbali zonse zinkati zapambana, ndipo anthu ankaopa nkhondo ina. Mu Januwale 1877 aphungu anagwirizana zokhazikitsa komiti ya anthu 15: asanu a Seneti, asanu a nyumba ya aphungu, asanu majaji a Supreme. Anawerengera bwino kuti 7 akhale a Democrat, 7 a Republican, ndipo wa nambala 15 akhale munthu wopanda chipani. Aliyense ankadziwa kuti akunena Davis. Ndiye kuti pulezidenti akanasankhidwa ndi voti yake.

Pa 25 Januwale, lamulo la komitiyo lisanasainidwe n'komwe, aphungu a ku Illinois anamusankha kukhala seneta. Nthawi imeneyo maseneta ankasankhidwa ndi nyumba za malamulo za zigawo, zovotera anthu onse zinayamba mu 1913. Amene anamuvotera anali a Democrat pamodzi ndi aphungu oyima paokha, n'kugwetsa John Logan wa Republican. Davis analandira mpandowo, n'kukana kulowa m'komiti. Majaji otsala onse anali a Republican, ndipo anatenga Joseph Bradley. Mkangano uliwonse unatha 8 kwa 7, Hayes anapambana 185 kwa 184, ndipo pofika Epulo asilikali anachotsedwa pa nyumba za boma ku South Carolina ndi Louisiana.

Achimwene a ku Joni:
Anasamba m'manja ngati Pilato basi. Palibe dzina lina.

Tiyamike:
Ine ndikuona kuti anachita bwino kukana. A Democrat atangomupatsa useneta, voti yake inali itadetsedwa kale. Akanavotera Tilden, dziko lonse likanati anagulidwa. Akanavotera Hayes, mbali inayo ikanati wawapereka. Chigamulo chilichonse sichikanalandiridwa, ndipo cholinga cha komitiyo chinali chakuti anthu alandire zotsatira. Jaji akaona kuti wapatsidwa mphatso ndi mbali imodzi ya mlandu, amachoka pa mlanduwo. Ndi zimene timaphunzitsidwa.

Achimwene a ku Joni:
Ayi mlongo wanga. Jaji akapatsidwa mphatso ndi mbali imodzi ya mlandu, amabweza mphatsoyo. Anali ndi njira ziwiri: kukana useneta n'kuweruza mlandu, kapena kulandira useneta n'kuthawa mlandu. Anasankha yachiwiri. Ndipo sanatule pansi ujaji mpaka pa 4 Malichi, kutanthauza kuti mwezi wonse wa Febuluwale, komiti ikukangana, iye anali adakali jaji wa Supreme, ali mu Washington momwemo.

Aphunzitsi Banda:
Achimwene akunena zoona, ndipo mtima wa ndale anali nawo kalekale. Mu Febuluwale 1872, ali jaji, chipani chaching'ono cha Labor Reform chinamusankha kuti achiyimire pa upulezidenti. Iye maso ake anali pa chipani chachikulupo cha Liberal Republican, koma ku msonkhano wa ku Cincinnati anagonja kwa Horace Greeley, mkonzi wa nyuzipepala, ndipo atatero anasiya zonse. Ntchito ya ku Supreme, yowerenga mapepala a apilo tsiku lonse, sinkamukoma ngati ya khothi loyenda lija.

Komabe tisanamizane kuti iye akanakhala m'komiti anthu akuda zikanawayendera. Akanavotera Tilden, asilikali akanachoka msanga kuposa pamenepo, chifukwa chipani cha Democrat ndi chimene chinkafuna zimenezo. Ndipo mavoti a Tilden kumwerako sanali oyera. Ku South Carolina anthu akuda anaphedwa ku Hamburg mu Julayi 1876 ndi ku Ellenton mu Sepitembala pofuna kuwaopseza, ndipo mavoti oponyedwa anaposa chiwerengero cha amuna oyenera kuvota. Mbali zonse zinali zitatopa ndi nkhani ya munthu wakuda.

Gogo Kamanga:
Dziko limene linatuluka m'chisankho chimenecho ndi limene John Chilembwe analipeza atapita ku America mu 1897, n'kukaphunzira ku Lynchburg m'chigawo cha Virginia. Tsankho linali litalembedwa kale m'malamulo.

Tiyamike:
Inde agogo, mlandu wa Plessy unali utangogamulidwa mu 1896, kuloleza kuti akuda ndi azungu azikhala mosiyana m'sitima. Jaji mmodzi yekha anakana, John Marshall Harlan. Harlan ameneyo ndi amene analowa pampando umene Davis anausiya mu 1877.

Nabanda:
Amayi a ku Illinois, nyumba mwatchula ija ndi yotani? Ujaji wokha ungamange nyumba yoti anthu azikaiona mpaka lero?

Mayi Nachisale:
Chuma chake chinali cha malo, achemwali. Ankagula minda yotchipa Illinois isanadzaze anthu, njanji zitabwera mitengo inakwera. Nyumbayo imatchedwa Clover Lawn, anaimanga pakati pa 1870 ndi 1872, ya njerwa zachikasu, zipinda 36. Chimene chinandigwira mtima n'chakuti nyumba ya nthawi imeneyo inali kale ndi madzi a m'mipope, zimbudzi zam'nyumba, nyale za gasi ndi mabelu oitanira antchito. Zambiri anayang'anira ndi mkazi wake Sarah, bambo ali ku Washington, ndipo dimba lake la maluwa akulisamalabe mpaka pano. Sarah anamwalira mu 1879. Davis anakwatiranso mu 1883, n'kumwalira pa 26 Juni 1886 ku Bloomington komweko.

Achimwene a ku Joni:
Chabwino, useneta anaufuna uja anachita nawo chiyani?

Bambo Mbewe:
Anakhaladi wopanda chipani zaka zonse zisanu ndi chimodzi. Mu 1881 Seneti inagawanika 37 kwa 37, ndipo otsala awiri anali iye ndi William Mahone wa ku Virginia. Pulezidenti Garfield, loya wa Milligan uja, atamwalira ndi bala la chipolopolo mu Sepitembala chaka chimenecho, Chester Arthur analowa m'malo, mpando wa wachiwiri n'kukhala wopanda munthu. Pa 13 Okutobala maseneta anasankha Davis kukhala wotsogolera Seneti, ndipo malinga ndi lamulo la nthawiyo, Arthur akanamwalira, upulezidenti ukanagwera iye. Anakhala pamenepo mpaka Malichi 1883. Ntchito imene anaikirapo mtima inali yochepetsa mulu wa milandu ku Supreme, kumene apilo inkadikira zaka zitatu isanamvedwe. Anabweretsa bilu yokhazikitsa makhothi a apilo apakati. Inadutsa ku Seneti mu 1882 koma inafera ku nyumba ya aphungu. Makhothi otere anadzakhazikitsidwa mu 1891, iye atamwalira kale, ndipo ndi amene akumva apilo zambiri za m'makhothi a boma lalikulu ku America lero.

Achimwene a ku Joni:
Za makhothi a apilo ndavomera, za Milligan ndavomeranso, ngakhale mawu a aphunzitsi akundivutabe. Koma za Febuluwale 1877 sindisintha. Zipani ziwiri zodana zinagwirizana pa dzina limodzi lokha m'dziko lonse, chifukwa zinkakhulupirira kuti munthuyo sangagulidwe. Iye anatenga mpando wa ku Seneti n'kusiyira Bradley mlanduwo.